Mayi anga awakopa ndi pulani yosalipira kanthu pamwezi: tisinthe kapena ayi?

Funso: Ndimakhala ku Indiana, ku America, ndi mayi anga a zaka 71. Chikwanitsireni zaka 65 akhala ali pa Medicare Advantage, inshuwalansi ya chipatala imene makampani amayendetsa m'malo mwa Medicare, yomwe ndi inshuwalansi ya boma ya okalamba. Amadwala shuga ndi BP, ndipo amabaya insulin. Mwezi wathawu kampani yawo inatumiza chienvelopu chachikulu koma sitinachiwerenge. Panopa munthu wina wogulitsa inshuwalansi wawauza za pulani ina yosalipira kanthu pamwezi, yoti imalipirira mano, magalasi, ndipo amapereka khadi yogulira zakudya. Achimwene anga akuti tingowachotsa ku makampaniwa abwerere ku Medicare ya boma. Komanso mayi akufuna kukakhala ku Ntcheu miyezi 8 chaka chamawa kuti akayang'anire nyumba imene akumanga. Titani?

Yankho: Zikomo polemba nthawi ikadalipo. Envelopu ija muifunefune lero lomwe, chifukwa mayankho ambiri ali momwemo. Kalata imeneyo amaitchula kuti Annual Notice of Change, ndipo lamulo limakakamiza kampani iliyonse kuti ikhale itafika kwa mwiniwake pofika pa 30 Seputembala. Imanena zonse zimene zisinthe pa 1 Januwale: ndalama ya pamwezi, zimene mayi azilipira akaonana ndi dokotala kapena akagonekedwa m'chipatala, ndi mankhwala amene akwera mtengo kapena achotsedwa pa mndandanda. Dzina la pulani limatha kukhala lomwelo, khadi lomwelo, koma zam'kati zitasintha kwambiri. Mukapanda kuchita chilichonse, mayi adzangopitirira ndi pulani yomweyo pa malamulo atsopanowo.

Nthawi yosinthira imayamba pa 15 Okutobala n'kutha pa 7 Disembala chaka chilichonse, ndipo chimene mwasankha chimayamba kugwira ntchito pa 1 Januwale. Poti mayi ali kale pa Medicare Advantage, ali ndi mpata wachiwiri kuyambira pa 1 Januwale mpaka pa 31 Malichi, koma pamenepo amalola kusintha kamodzi kokha, ndipo kusinthako kumayamba pa 1 mwezi wotsatira. Mpata wachiwiriwu muuone ngati wokonzera cholakwika, osati wodikirira.

Tsopano za pulani ya ziroyo. Sikuti wogulitsayo wanama ayi, mapulani otere alipodi ambiri. Boma limalipira kampani ndalama mwezi ndi mwezi pa mutu wa munthu aliyense amene yamulemba, n'chifukwa chake kampani imatha osalipiritsa kanthu. Koma ndalama ya Part B, gawo la Medicare lolipira madokotala ndi chithandizo cha osagonekedwa m'chipatala, siichoka. Mu 2026 ndi $202.90 pamwezi kwa anthu ambiri, ndipo kawirikawiri imadulidwa ku penshoni ya boma ya Social Security ndalamayo isanafike m'manja. Wogulitsayo naye amalandira komishoni kuchokera ku kampani akalembetsa munthu. Si tchimo, ndi ntchito yake, koma mudziwe kuti angakuonetseni mapulani a makampani okhawo amene amawagulitsira. Khadi yogulira zakudya ija nthawi zambiri imakhala ya anthu amene alinso pa Medicaid, thandizo la boma la chipatala kwa opeza ndalama zochepa, kapena amene akwaniritsa zofunika zina za matenda amgonagona, choncho mumufunse alembe papepala kuti mayi aipezadi komanso ndi ya ndalama zingati. Za mano nazo zimakhala ndi malire a pachaka. Chikomekome cha mkuyu, m'kati muli nyerere.

Chimene ine ndingayambire ndi mankhwala. Tsanulirani pathebulo mabotolo onse a mayi, ndi zobayira insulin zooneka ngati zolembera zimene zili mufiriji, mulembe dzina lililonse ndendende monga lalembedwera pa botolo, mamiligalamu ake ndi kuchuluka kwake pamwezi. Kenaka lowani pa medicare.gov, ikani zip code yanu, mankhwalawo ndi famase imene mumagulako. Makinawo akuonetsani ndalama ya chaka chonse pa pulani iliyonse ya m'dera lanu. Lamulo likuti insulin isapitirire $35 pamwezi, ndipo mu 2026 zimene munthu amatulutsa m'thumba pa mankhwala a Part D, gawo la Medicare lolipira mankhwala, zikafika $2,100, salipiranso chaka chimenecho. Koma zonse ziwirizi zimagwira ntchito pa mankhwala okhawo amene ali pa mndandanda wa pulaniyo. Ngati mtundu wa insulin umene thupi la mayi linazolowera mulibe, mudzayamba kuthamangira kwa dokotala kuti asinthe mankhwala kapena alembe kalata yopempha, mu Januwale muja kukuzizira.

Madokotala musadalire buku la kampani kapena mawu a wogulitsa. Mabuku amenewo amakhala ndi zolakwika. Imbani nokha ku ofesi ya dokotala wa shuga, wa maso, wa impso ngati alipo, mupemphe kulankhula ndi amene amaona za mabilu, mutchule dzina lonse la pulani ndi chaka chake. Kampani imodzi imakhala ndi mapulani angapo, ndipo dokotala akhoza kulandira ina n'kukana inzake. Funsaninso za chipatala chimene mungathamangireko ndi mayi. Ngati pulani yatsopanoyo ndi ya mtundu wa HMO, umene uli ndi gulu lakelake la madokotala, kupita kwa dokotala wa kunja kwa gulu lawo ndiye kuti bilu yonse ndi yanu, kupatula pa ngozi kapena matenda adzidzidzi. Pulani ya mtundu wina wotchedwa PPO imalola, koma pamtengo wokwererapo. Munthu wa shuga amene wakhala ndi dokotala mmodzi zaka 6, yemwe akudziwa mmene shuga wawo amakwerera ndi kutsikira, sindingamusiyitse dokotalayo chifukwa cha magalasi.

Pali nambala ina imene anthu ambiri saiyang'ana, koma kwa ine ndi imene imaonetsa mtengo weniweni wa pulani. Ndi malire a ndalama zimene munthu angatulutse m'thumba pa chaka pa chithandizo cha kuchipatala. Mu 2026 boma silinalole kuti malirewa apitirire $9,250 kwa madokotala a m'gulu la pulani, ndipo mapulani ambiri amaika pansi pa pamenepo. Tiyerekeze kuti ya ziroyo malire ake ndi $8,000, pamene ina yolipira $40 pamwezi malire ake ndi $4,500. Chaka chimene mayi ali bwinobwino, ya ziro yakupulumutsirani $480. Chaka chimene agonekedwa kawiri n'kuchitidwa opaleshoni, ya ziro ikhoza kukudyerani $8,000 pamene inayo ingathere pa $4,980. Pa zaka 71 ndi matenda awiriwa, werengerani chaka choipacho, ndipo mudzifunse moona mtima ngati banja lingaipeze ndalama imeneyo popanda kuimitsa nyumba ya ku Ntcheu.

Maganizo a achimwene anu ndi amene ndikufuna tikhalepo nthawi, chifukwa apa ndi pamene mabanja amapwetekera. Medicare ya boma ili ndi ubwino wake weniweni. Mayi akhoza kupita kwa dokotala aliyense wolandira Medicare mu America monse, ndipo nkhani yodikira chilolezo cha kampani asanajambulidwe kapena kuchitidwa opaleshoni imachepa kwambiri. Vuto ndi loti pa Part B boma limalipira 80 peresenti, 20 yotsalayo ndi ya wodwala, ndipo ilibe malire. Chithandizo chikafika $50,000, gawo la mayi ndi $10,000, ndipo chikapitirira nalonso limapitirira. N'chifukwa chake anthu a pa Medicare ya boma amagula inshuwalansi ina yotsekera mpata umenewu, yotchedwa Medigap.

Medigap ndiye ili ndi khomo lopapatiza. Munthu akakwanitsa zaka 65 n'kulowa Part B, amakhala ndi miyezi 6 imene kampani singamukane kapena kumukwezera mtengo chifukwa cha matenda. Amene anayamba ndi Medicare Advantage pa zaka 65 amapatsidwanso miyezi 12 yoyeserera, yoti akhoza kutuluka n'kugula Medigap popanda mafunso. Kwa mayi nthawi ziwiri zonsezi zinadutsa kalekale. Panopa kampani ili ndi ufulu wofunsa za umoyo wawo, ndipo munthu wobaya insulin ikhoza kumukana kapena kumuikira mtengo wokwera. Zigawo za New York, Connecticut, Massachusetts ndi Maine zili ndi malamulo oteteza okalamba pa nkhaniyi, koma Indiana siili m'gulu limenelo. Mwayi wina umabwera ngati pulani ya mayi ikutsekedwa kapena ikuchoka m'dera lanu. Zikatero amakhala ndi ufulu wogula Medigap popanda kufunsidwa za matenda mpaka masiku 63 pulaniyo itatha. N'chifukwa china chowerengera makalata onse ochokera ku kampani, ndi kuwasunga.

Ngati banja lafunitsitsa njira ya achimwene, musayambe ndi kutuluka. Yambani mwapempha Medigap yoti idzayambe pa 1 Januwale, muyankhe mafunso a matenda moona, mudikire kalata yovomera. Ikafika, ndiye mulembetse mayi pa pulani ya mankhwala ya Part D yoima payokha pasanafike pa 7 Disembala, ndipo kulembetsa kumeneko kumawachotsa kokha pa Medicare Advantage. Akakanidwa, palibe chimene mwataya, mayi akadali pamene anali. Mukatembenuza ndondomekoyi, mukhoza kuwasiya ndi 20 peresenti yopanda malire ija.

Ulendo wa ku Ntcheu ukundidetsa nkhawa kuposa zonse. Medicare Advantage imamangidwa pa dera limene munthu amakhala, ndipo akakhala kunja kwa deralo miyezi yoposa 6 motsatizana, kampani imayenera kumuchotsa. Miyezi 8 yadutsa malire amenewo. Akachotsedwa amagwera ku Medicare ya boma, mankhwala aja osalipiridwanso mpaka atalembetsa mwatsopano. Kambiranani nawo mwaulemu kuti ulendowo ukhale wa miyezi 5, kapena augawe pawiri. Ngati mayi sanatenge unzika ndipo ali pa green card, kukhalitsa kunja kuposa miyezi 6 kumabweretsanso mafunso pabwalo la ndege pobwerera, ndiye chifukwa chofupikitsira ulendo chilipo kawiri.

Ndipo ali kumudziko, Medicare siilipira chithandizo cha ku Malawi. Mapulani ena a Medicare Advantage amathandiza pa ngozi yogwa mwadzidzidzi kunja kwa America, koma mumayamba mwalipira nokha n'kudzapempha kubwezeredwa ndi malisiti, ndipo pali malire. Yang'anani mzere umenewu pofananiza mapulani, chifukwa kwa mayi ndi wofunika kuposa khadi ya zakudya. Medigap nayo siingathetse vutoli. Mapulani a Medigap monga G ndi N amalipira 80 peresenti ya ngozi ya kunja mukayamba mwatulutsa $250, koma m'masiku 60 oyamba a ulendo okha, ndipo osapitirira $50,000 pa moyo wonse. Choncho pa bajeti ya nyumba muikepo ndalama yapadera ya chipatala, yoti akafunika kupita ku chipatala cholipira ku Blantyre kapena ku Lilongwe asadikire kuti ana atumize kaye. Funsani kampani ngati ingalole kutenga mankhwala a miyezi 3 nthawi imodzi, ndipo muganizire kumene insulin ikasungidwe magetsi akazima tsiku lonse. Wina akadzawauza kuti aimitse Part B poti sakuigwiritsa ntchito ali kumudzi, akane. Kuibwerera kumatha kukhala ndi chilango cha 10 peresenti pa miyezi 12 iliyonse imene anaisiya, ndipo chilangocho sichitha.

Ine ndikanakhala inu ndikanachita chonchi. Ngati kalata ija ikuonetsa kuti madokotala a mayi akadalimo, insulin yawo ikadali pa mndandanda, ndipo malire a pachaka sanakwere moopsa, asiyeni pamene ali. Ngati chimodzi mwa izi chasokonekera, sinthani, koma musankhe pa medicare.gov pakati pa mapulani onse, osati iwiri kapena itatu ya wogulitsa uja. Onaninso nyenyezi zimene Medicare imapereka kwa pulani iliyonse, kuyambira 1 mpaka 5. Posintha kuchoka pa Medicare Advantage ina kupita pa inzake musaimbe foni yothetsa yakaleyo, kulembetsa yatsopano kumaithetsa yokha pa 31 Disembala.

Musanasaine chilichonse, panganani tsiku ndi alangizi a SHIP, pulogalamu ya boma yolangiza anthu za Medicare. Chigawo chilichonse chili nawo, Indiana yomwe, thandizo lawo ndi laulere ndipo salandira komishoni ku kampani iliyonse. Nambala yawo mungaipeze poimba 1-800-MEDICARE. Mu Novembala amadzaza msanga, ndiye imbani sabata ino. Popita tengani kalata ija, mndandanda wa mankhwala, mayina a madokotala, ndi mayi eni akewo, chifukwa ndi iwo oyenera kuvomereza. Muwapemphenso alangiziwo aone ngati ndalama zimene mayi amalandira zingawalowetse pa Extra Help, thandizo la boma pa mtengo wa mankhwala, kapena pa Medicare Savings Program, imene imatha kuwalipirira ndalama ya Part B ija mwezi ndi mwezi.