Glen Hansard ndi gitala yake yobooka

Sabata yatha mnyamata wina wowerenga tsamba lino ananditumizira imelo. Akuti anaonera filimu ya Once, ndiye akufuna kudziwa ngati bambo woimba mumsewu uja ndi wazisudzo amene anangophunzitsidwa kugwira gitala, kapena ndi woimba weniweni. Iye mwini amaimba komanso amachita zisudzo, ndipo anzake akumuumiriza kuti asankhe chimodzi.

Achimwene, ameneyo ndi woimba weniweni, Glen Hansard wa ku Dublin, m'dziko la Ireland. Anabadwa mu 1970. Sukulu anasiya ali ndi zaka 13 n'kuyamba kuimba m'misewu, makamaka mu Grafton Street, odutsa n'kumamuponyera timakobidi. Mu 1990 anayambitsa gulu la The Frames, loimba nyimbo za indie rock, ndipo chaka chotsatira anaoneka mu filimu ya The Commitments ya Alan Parker ngati Outspan Foster, mnyamata wa gitala. Ambiri akanatengeka n'kumathamangira mafilimu. Iye anabwerera ku gulu lake.

Once inatuluka mu 2007, ndipo ndimaikonda chifukwa cha mmene inabadwira. Woitsogolera, John Carney, kale ankaimba gitala ya besi mu The Frames momwemo. Poyamba Hansard anangopemphedwa nyimbo, gawo lalikulu linali la wazisudzo Cillian Murphy. Murphy atachoka, Carney anati wopeka nyimboyo asewere yekha, pamodzi ndi Markéta Irglová, mtsikana woimba piyano wa ku Czech Republic. Anajambula m'masabata osakwana atatu, ndalama zili zochepa kwambiri. Mukaonerenso, muyang'anitsitse gitalayo. Ndi ya kampani ya Takamine, thabwa lake linabooka pafupi ndi zingwe chifukwa chokhwapulidwa zaka zambirimbiri. Bowo limenelo sanalipange kuti filimu ikome ayi, ndi gitala yake yomwe ankadyera. Mu February 2008 awiriwa analandira mphoto ya Oscar chifukwa cha nyimbo yawo ya Falling Slowly. Irglová asanalankhule anamudula ndi nyimbo, mpaka wotsogolera mwambo, Jon Stewart, anachita kumuitananso kuti adzanene mawu ake. Kumeneko kumandikhudza mtima nthawi zonse.

Kenako nkhani ya Once inasanduka sewero la pa Broadway, ku New York, lomwe linapata mphoto 8 za zisudzo zotchedwa Tony mu 2012, chaka chomwe Hansard anatulutsa chimbale chake choyamba payekha, Rhythm and Repose.

Ndiye pa funso lanu, ine sindikuona chifukwa chotayira chimodzi. Koma onani kuti m'mafilimu onse awiri anamuitana ngati woimba, atanyamula gitala. Dzifunseni kuti mwa ziwirizo n'chiti chimene mungachitebe ngakhale palibe wokulipirani, ndipo chimenecho muchipatse nthawi tsiku lililonse. Hansard, Oscar ali nayo kale, kwa zaka zambiri wakhala akubwerera ku Grafton Street madzulo a pa 24 December, kukaimba pozizira ndi anzake kuti atolere ndalama zothandizira anthu osowa pokhala.