Amalume, mtundu wofiira uja si wa Ferrari ayi

Amalume, mwaswera bwanji? Funso lanu ndaliona pa gulupu, loti bwanji Lewis Hamilton, katswiri wa mipikisano ya galimoto ya Formula 1 uja, chipitireni ku Ferrari mu 2025 akungovala zofiira zokhazokha, kodi anasankha mtunduwo ndi mwini kampani? Ndati ndingolankhula, kulemba kundichedwetsa.

Ayi, kufiirako ndi kwa dziko la Italy. Mipikisano ya galimoto itangoyamba kumene, cha m'ma 1900, dziko lililonse linali ndi mtundu wake kuti oonerera azidziwa kuti yadutsa m'fumbiyo ndi ya kuti. France inali ya buluu, Britain yobiriwira, Germany yoyera, kenako ya siliva. Italy n'kutenga wofiira. Ambiri amati zinayambira pa mpikisano wa mu 1907 wochokera ku Peking kukafika ku Paris, umene Scipione Borghese anapambana pa galimoto ya Itala atayenda miyezi iwiri yathunthu. Ndiye Alfa Romeo, Maserati, Lancia, onsewa ankapenta zofiira. Enzo Ferrari, amene anayambitsa kampaniyi, anangozipeza zili choncho, pajatu iyeyo poyamba ankayendetsera a Alfa Romeo asanayambe kupanga zake.

Mtundu weniweni wa Ferrari ndi wachikasu, uja uli kumbuyo kwa hatchi yakuda pa chizindikiro chawo. Ndi mtundu wa mzinda wa Modena, kwawo kwa Enzo. Hatchiyonso ndi yobwereka, inali pa ndege ya Francesco Baracca, msilikali amene anafera pa nkhondo mu 1918.

Koma tamverani izi, amalume. Mu 1964 Enzo anakangana ndi akuluakulu a mipikisano a ku Italy chifukwa sanamuikire kumbuyo galimoto yake ya 250 LM itakanidwa kulowa m'gulu la mipikisano limene iye ankafuna. Mkulu ameneyu sanali munthu woseweretsa. Pa mipikisano iwiri yomaliza ya chakacho, ku America ndi ku Mexico, galimoto zake zinathamanga zoyera ndi buluu, mitundu ya America, ndipo John Surtees anatenga ukatswiri wa dziko lonse ali m'galimoto yotero. Ferrari ya buluu, tangoganizani!

Mu 1968 akuluakulu a mipikisano anavomereza kuti galimoto zizipentedwa mitundu ya makampani othandiza ndi ndalama. A Lotus, timu ya ku Britain, anasiya wobiriwira wawo n'kuvala mitundu ya fodya wa Gold Leaf, enanso anatsatira. Ferrari inakakamirabe wofiira, n'chifukwa chake lero anthu amangoti ndi wake. Ine ndimawapatsa ulemu pamenepo.

Musasokoneze ndi mpira, kumeneko Italy imavala buluu, mtundu wa banja lachifumu la Savoy. Mundiperekere moni kwa azakhali.