Kentucky ya 2014-15: magemu 38 osagonja, chikho n'kupita kwina

Wowerenga wina watumiza imelo: "Ndamva kuti timu ya basketball ya amuna ya University of Kentucky inapambana magemu 38 motsatizana, koma chikho sinatenge. Zinatheka bwanji?"

Zikomo achimwene, funso lanu ndi labwino. Yankho lili m'mphindi zisanu ndi imodzi zomaliza za gemu ya semifainolo ya mpikisano wa NCAA (wa matimu a makoleji a ku America) yomwe Kentucky inasewera ndi Wisconsin pa 4 Epulo 2015 ku Indianapolis, koma tiyambire kumayambiriro kwa sizoni.

Kochi John Calipari anali ndi osewera khumi oti aliyense akanayamba gemu pa timu ina iliyonse. Ndiye anawagawa pawiri. Asanu alowe athamange mphindi zinayi kapena zisanu, atuluke onse, alowe asanu ena amphamvu zatsopano. Adani amatopa, Kentucky ayi. Kansas inakwapulidwa 72-40. UCLA inapita kopuma ili ndi mapointi 7 okha, Kentucky ili ndi 41. Alex Poythress atavulala bondo mu Disembala 2014 dongosololi linasintha pang'ono, koma kugawana mphindi kunapitirira. Karl-Anthony Towns, yemwe anadzasankhidwa woyamba mu NBA draft ya 2015 (pomwe matimu a ligi yaikulu ya ku America amasankha osewera atsopano), amasewera mphindi pafupifupi 21 zokha pa 40. Devin Booker amayambira pa benchi.

Chenjezo linabwera ndi Notre Dame mu kotafainolo ya mpikisanowu, pomwe Kentucky inapulumukira m'kamwa mwa mbuzi, 68-66. Anawapulumutsa ndi Towns, yemwe anamwetsa mapointi 25 chifukwa mpira amamupatsira pafupi ndi basiketi.

Wisconsin ya kochi Bo Ryan inali timu yosiyana kwambiri ndi amene anakwapulidwa aja. Imasewera modekha, simataya mpira mwachisawawa, ndipo imadya masekondi ambiri mwa 35 omwe timu inkaloledwa kusunga mpira isanaponye. Gemu ikachedwa chotero, benchi yanu yodzadza ilibe phindu, chifukwa palibe amene akutopa. Komanso Frank Kaminsky, wamtali mamita 2.13, amatha kuponyera kutali. Wamtali wa Kentucky akamutsatira kunja, pansi pa basiketi pamatsala poyera. Akapanda kumutsatira, Kaminsky amaponya momasuka. Anathera pa mapointi 20 ndi ma rebound 11 (kutola mpira wolephera kulowa mu basiketi), ndipo Wisconsin yonse inatola ma rebound 34, Kentucky 22. Kwa timu ya anyamata ataliatali ngati Kentucky, nambala imeneyi ndi yowawa.

Ngakhale zinali choncho, Kentucky inatsogola 60-56 kutatsala mphindi pafupifupi zisanu ndi imodzi. Apa ndi pomwe zinasokonekera. M'malo mopitiriza kuukira, anayamba kudya nthawi. Mapasa a Kentucky, Andrew ndi Aaron Harrison, amagunditsa mpira pansi kutali ndi basiketi mpaka masekondi atsale ochepa, kenako n'kuponya mokakamizika mpira osakhudza n'komwe chitsulo cha basiketi. Katatu kotsatizana wotchi ya masekondi 35 ija inawathera. Nthawi yonseyi Towns ali pafupi ndi basiketi, mpira osamufika. Ine ndimaona kuti cholakwa chachikulu n'chimenechi. Mapointi anayi si oti n'kukhalira mu basketball, timu ina iwabweza poponya kawiri kokha.

Okonda Kentucky amadandaula ndi basiketi ya Nigel Hayes wa Wisconsin yomwe inafananitsa 60-60, ndipo ali ndi mfundo, chifukwa zithunzi zinaonetsa kuti mpira unachoka m'manja mwake wotchi itatha kale. Koma si Hayes amene anawaletsa kupatsira Towns. Kenako Sam Dekker wa Wisconsin anabwerera m'mbuyo phazi limodzi n'kuponya ya mapointi atatu, 63-60. Gemu inathera 71-64, Wisconsin itapambana. Chaka cham'mbuyo pa ndime yomweyi ya semifainolo, Kentucky ndi imene inatulutsa Wisconsin 74-73, ndiye ngongole inabwezedwa.

Mpikisano wa NCAA ndi wa ndagonja ndatuluka, mwayi wachiwiri palibe. Wisconsin nayo inakagonja kwa Duke 68-63 mu fainolo. Timu ya amuna yomaliza kutenga chikhochi osagonja sizoni yonse ikadali Indiana ya kochi Bob Knight, yomwe inapambana magemu onse 32 mu 1976.