Geni ya mamodyuleta a m'galimoto

Achemwali, mwafunsa komwe timapikula tizipangizo toimbira nyimbo za pafoni pa wailesi ya m'galimoto, totchedwa mamodyuleta, komanso ngati geni yake ili ndi phindu. Phindu lilipo ndithu, chifukwa katunduyu ndi wopepuka ndipo safuna mpamba waukulu. Ine ndimapikula ku Kariakoo, ku Dar es Salaam, n'kulowera pa Songwe. Anzathu ena amatenga ku Johannesburg n'kudutsira pa Mwanza kapena pa Dedza. Kulikonseko katunduyu ndi wa ku China, choncho musayembekezere kuti akuchotserani msonkho ngati mmene amachitira ndi katundu wopangidwa m'maiko a m'chigawo chathu chino cha Africa. Risiti iliyonse muisunge bwino, a MRA adzaifuna pachipata.

Koma musanawononge ndalama, dziwani kaye galimoto za makasitomala anu. Zambiri kuno ndi zochokera ku Japan, ma Sienta, ma Passo, ma Vitz, ndipo wailesi zobwera nazo nthawi zambiri zimagwira masiteshoni a FM kuyambira pa 76 n'kuthera pa 90. Modyuleta, kachipangizo kaja kobaya polowetsa laitala, imatenga nyimbo pafoni kudzera pa Bluetooth n'kuziulutsa ngati kasiteshoni kakang'ono, kuyambira pa 87.5 mpaka 108. Ndiye mukuona kuti malo amene ziwirizi zimakumana ndi ochepa zedi, pakati pa 87.5 ndi 90 basi. Dalaivala akaitchera pa 100, wailesi yake siifika pamenepo, ndipo mawa lake amabwera atakwiya kuti mwamugulitsa chinthu chakufa. Zimandipweteka kuona wamalonda akubweza ndalama pa katundu wabwinobwino chifukwa chosadziwa zimenezi. Ine ndimalowa m'galimoto mwenimwenimo, kufufuza malo opanda siteshoni, kutchera zonse ziwiri nambala imodzi, nyimbo imveke, kenako ndalama.

Wailesi ikakhala ndi kabowo ka AUX, kobayapo chingwe chochokera ku foni, mulangizeni munthuyo agule chingwe kapena kolandirira Bluetooth kobaya pamenepo. Mawu ake amamveka bwino kuposa a modyuleta, ngakhale inu mupezapo zochepa. Mutengenso timaadaputa ta Type-C, tolumikizira chingwecho potchajira foni, poti mafoni ambiri atsopano alibe kabowo ka mahedifoni.

Popikula musakhulupirire katoni. Uzani wogulitsa ayese zingapo pa batire inu mukuona, mulumikize foni yanu, mukweze mawu. Zotchipa kwambiri zimachita phokoso la siii, ndipo zina zimalira motsatana ndi injini dalaivala akaponda moto. Madalaivala a minibasi ndi a mataxi amauzana msanga pasiteji, abwino ndi oipa omwe, ndiye kuli bwino kutenga zochepa zolimba paulendo woyamba. Ngati mukufuna kugulitsanso kwa a mathiraki, onani kuti pakatoni palembedwa 12 mpaka 24V, chifukwa ya 12V yokha ikhoza kupsa mukaibaya pa magetsi a 24V.