Ndikufuna kujambula filimu ya alovi: ndiyambire pati?

FUNSO: Akonzi, ndine mnyamata wa ku Monkey Bay, ndimajambula maukwati ndi zinkhoswe. Ndikufuna kupanga filimu ya zochitika zenizeni yoonetsa mmene ntchito ya usodzi yasinthira kuno ku Mangochi, chambo chitachepa, anyamata n'kumathamangira ku Joni. Ndiyambire pati? Nanga ntchitoyi ingandidyetse?

YANKHO: Achimwene, sankhani munthu mmodzi kapena awiri, mukhale nawo chaka chathunthu. Kusintha sikuoneka pa ulendo umodzi. Mlovi yemweyo (msodzi wogwira ntchito m'bwato) mumujambule nsomba zikuphedwa, nthawi ya mwera mabwato akulephera kulowa, komanso nyanja ikatsekedwa. Tsatani ndalama: akachotsa ya mafuta a injini, mwini ukonde wa chilimira amatenga zingati, siginala (wotsogolera alovi kumene kuli nsomba) zingati, alovi zingati? Mayi woyanika usipa pa thandala amapeza chiyani akafika nawo ku Limbe? Filimu yanu yagona pamenepo.

Za ku Joni musazione ngati zachilendo. Boma linaimitsa Wenela, bungwe lolemba anthu ntchito za kumigodi, mu 1974 ndege yonyamula ogwira ntchitowo itagwa ku Francistown m'dziko la Botswana, ndipo ulendo wa kumigodi kudzera ku TEBA, bungwe limene linalowa m'malo mwa Wenela, unatha mu 1988. Pezani agogo amene anagwira m'migodi, muwakhazike pamodzi ndi mdzukulu amene akukonzeka kukwera basi.

Musanatulutse kamera, kaonekereni kwa amfumu, kukomiti ya padoko ndi kuofesi ya Fisheries. Aliyense avomere polemba kapena pakamera. Amene akufotokoza za ngongole kapena za bwana wake, muuzeni kumene filimuyo idzaonetsedwe, chifukwa mawu ake angamuchotsetse ntchito inu mutapita kale. Izi musazichepetse. Mawu musagule, koma tsiku limene munthu wataya mubwezereni. Wolankhula Chiyao alankhule Chiyao, kumasulira mudzalemba pansi pa chithunzi.

Chimene chimaononga mafilimu ambiri a kunyanja ndi mawu. Mphepo ikawomba maikolofoni a pakamera, mawu amatayika ndipo pa kompyuta sabwerera. Gwiritsani ntchito kamaikolofoni komata pamalaya, kovekedwa chaubweya chotchinga mphepo, mahedifoni ali m'makutu nthawi zonse. Kamera ikhale pa 25 fps (zithunzi 25 pa sekondi), shutter 1/50 ya sekondi, chifukwa magetsi athu ndi a 50 Hz; apo ayi mababu amaphethira pachithunzi. Ola limodzi la 4K pa 100 Mbps limadya 45 GB, choncho madzulo aliwonse koperani pa hard drive ziwiri. M'bwato, mabatire ndi makadi akhale m'thumba losalowa madzi.

Za kudya, tikuuzeni zoona: filimu yoyamba kawirikawiri sibweza ndalama. Maukwati musawasiye. Konzani kachidutswa ka mphindi zisanu, tsamba limodzi lofotokoza nkhani ndi bajeti, n'kumakaonetsa kwa mabungwe ndi mawayilesi a kanema. Wopereka ndalama akafuna kuti filimu ingoyamikira pulojekiti yake, gwirizanani polemba kuti womaliza kudula ndinu. Nyimbo za eni muzipempha chilolezo. A COSOMA, bungwe loona za umwini wa nyimbo ndi zaluso zina, angakuunikireni.