Za mabuku a Musaemura Zimunya: muyambire pati

Amayi, mwafunsa ngati Those Years of Drought and Hunger ndi buku la nthano loti mwana wanu angawerenge pokonzekera mayeso. Ayi, limeneli ndi buku lounika zolemba za anthu ena. A Zimunya analitulutsa mu 1982 ku Mambo Press, ku Gweru, ndipo amasanthulamo mmene alembi a ku Zimbabwe monga Stanlake Samkange, Charles Mungoshi ndi Dambudzo Marechera anayambira kulemba nkhani m'Chingerezi. Mwanayo ayambe wawerenga Waiting for the Rain ya Mungoshi ndi The House of Hunger ya Marechera, apo ayi angoloweza maganizo a wounika osadziwa kumene achokera.

Pomwe ana ambiri amapunthwa ndi pa zaka. Bukuli limathera cha mu 1980, kotero za Tsitsi Dangarembga, Yvonne Vera kapena Bones ya Chenjerai Hove simuzipezamo.

A Zimunya eni akewo ndi mlakatuli, anabadwa mu 1949 kudera la Mutare. Anachotsedwa ku University of Rhodesia mu 1973 chifukwa cha zionetsero za ophunzira, n'kukamaliza maphunziro ku Kent, ku England, kenako anadzaphunzitsa ku University of Zimbabwe. Pa ndakatulo, ayambe ndi Thought Tracks ya 1982, kenako Country Dawns and City Lights ya 1985. Lachiwirili ndilo ndimalikonda kwambiri, chifukwa limaika moyo wakumudzi ndi wa mu Harare pambalipambali, nkhani yomwe ife obwera kudzagwira ntchito m'tauni muno timaidziwa bwino.

Mabukuwa ndi akale, amavuta kuwapeza m'masitolo. Kafunseni ku laibulale ya University of Zimbabwe ku Mount Pleasant, mu Harare, kapena ku National Archives, mutalemba papepala mutu ndi chaka chake.