Nyanja ikudya gombe chifukwa cha mgodi: kodi kukhoti mungakapambane?

Sabata yatha ndinalandira imelo kuchokera kwa mayi wina amene amawerenga zolemba zanga. Akuti chiyambireni kampani ina kukumba mchenga m'mbali mwa nyanja kwawoko, madzi akhala akudya gombe chaka ndi chaka, moti nyumba zoyandikira zayamba kung'aluka. Funso lawo ndi lakuti: "Kodi tingaisumire kampaniyi, ndipo tingapambane?"

Mayi, kusuma mungathe ndithu. Koma chimene chimagwetsa milandu yotereyi kawirikawiri si kusowa kwa malamulo ayi, ndi umboni.

Mchenga wa pagombe sukhala malo amodzi. Mafunde amaunyamula n'kumauyendetsa m'mbali mwa nyanja, wina ukuchoka wina ukubwera. Munthu akamautapa pamalo amodzi, gombe la kutsogolo limasowa mchenga wobwezeretsa umene wapita, ndiye limayamba kutha. Vuto n'lakuti nyanja imadyanso gombe popanda mgodi: mphepo zamkuntho, kukwera kwa madzi a m'nyanja, ngakhalenso madamu otchinga mchenga wa m'mitsinje. Loya wa kampani adzaloza zonsezi, ndipo woweruza adzafuna kuti inuyo musonyeze gawo la kampaniyo.

Taonani zimene zinachitika ku Nagonha, m'boma la Angoche ku Mozambique. Mu February 2015 madzi osefukira anadzitsegulira njira yopita kunyanja kudzera pakati pa mudzi, n'kukokolola nyumba 48, anthu pafupifupi 290 n'kusowa pogona. Mu 2018 bungwe la Amnesty International linatulutsa lipoti lokhala ndi zithunzi za setilaiti, losonyeza kuti kampani ya Haiyu inathira mchenga wa kumgodi m'madambo ndi kutseka njira zamadzi. Kampaniyo inakana, inati inali mvula yoopsa basi. Yankho limeneli lizolowereni, mudzalimva.

N'chifukwa chake ine ndimaona kuti khomo lofewa si la chipukuta misozi, koma la chilolezo. Ku Marina, m'dera la Monterey Bay ku California, kunali mgodi wa mchenga wa kampani ya CEMEX, womaliza wa mtundu wake pagombe m'dziko la America. Akatswiri anadandaula kwa zaka zambiri kuti ukukokolola gombe. Koma chimene chinautseka si chigamulo cholipiritsa kampani: bungwe la boma loyang'anira magombe, la California Coastal Commission, linaipanikiza pa nkhani ya zilolezo, ndipo mu 2017 anagwirizana kuti kukumba kuthe pofika kumapeto kwa 2020. Ku Xolobeni, ku South Africa, anthu sanadikire n'komwe kuti gombe liwonongeke. Mu November 2018 khoti lalikulu ku Pretoria, pa mlandu wa Duduzile Baleni ndi anzake, linagamula kuti nduna singapereke chilolezo chokumba titaniyamu (chitsulo chopezeka mumchenga wa pagombe) popanda eni malowo kuvomereza. Kungowafunsa maganizo sikokwanira. Kunena zoona, ndewu imeneyi inali yowawa: mmodzi wa atsogoleri awo, Sikhosiphi Rhadebe, anaphedwa powomberedwa mu March 2016.

Ndikuchenjezeninso kuti wosumiridwa mukhoza kukhala inuyo. Ku South Africa komweko, makampani a migodi a gulu la Mineral Commodities anasumira maloya ndi omenyera chilengedwe asanu ndi mmodzi kuti awaipitsira mbiri. Nkhani inafika mpaka kukhoti la malamulo oyendetsera dziko, limene mu November 2022 linavomereza kuti munthu angadziteteze posonyeza kuti mlanduwo cholinga chake n'kumutseka pakamwa. Komabe zaka zimene anthuwo anataya akuyendera makhoti palibe anawabwezera. Choncho polankhula pagulu kapena pa Facebook, nenani zokhazo zimene mungazitsimikize.

Akuluakulu amati mlandu suwola, koma kukhoti umawola. Mayiko ambiri ali ndi malire a zaka zimene munthu angasumire atawonongeredwa katundu, ndipo nthawi yotsutsira chilolezo imakhala yaifupi kwambiri, mwina miyezi yochepa chabe. Funsani loya wa dziko lanu msanga, makamaka a mabungwe othandiza anthu pa milandu ya chilengedwe.

Pakadali pano yambani ntchito imene simufunika loya. Sankhani mtengo kapena ngodya ya nyumba, muziyeza mtunda kuchokera pamenepo kukafika pamadzi mwezi uliwonse, ndi kujambula mutaima malo omwewo. Lembani masiku ndi chiwerengero cha magalimoto onyamula mchenga. Pa Google Earth pali zithunzi za zaka zam'mbuyo, zosonyeza pamene gombe linali kampani isanabwere. Kenako pemphani kuofesi yoona zachilengedwe chilolezo cha kampaniyo ndi lipoti la kafukufuku amene anachitika isanayambe ntchito. Mukazipeza, yambirani pa mapu: yerekezani malire amene analoledwa ndi pamene makina awo akukumba lero.